Duke wa Hamilton ndi Mlendo Wake wa Usiku

M'chigawo cha Lanarkshire ku Scotland, m'mbali mwa mtsinje wa Clyde, muli tauni yotchedwa Hamilton, imene ili moyandikana ndi Blantyre uja wobadwirako David Livingstone, kotero kuti munthu wolimba miyendo atha kuchoka kwina mmawa nakafika kwinako dzuwa lisanatenthe. Ndipo m'tauni imeneyi, kwa zaka mazana angapo, munali likulu la banja limene pa ulemu ndi pa malo okhala m'mabwalo achifumu linalibe linzake m'dziko lonse la Scotland, kupatula banja la mfumu yokha. Ulemu wa Duke unalowa m'banjali m'chaka cha 1643, ndipo monga mwa mwambo wa kumeneko, umene usiyana ndi wa ife Achewa amene tilonga mwana wa mlongo, dzina ndi minda ndi nyumba zimatsikira kawirikawiri kwa mwana wamwamuna woyamba kubadwa, ang'ono ake nangotsala ndi ulemu wa pakamwa pamodzi ndi ntchito yodzifunira okha njira m'dziko.

Nyumba yao, Hamilton Palace, inali yaikulu kopambana nyumba zambiri za mafumu enieni, yodzala ndi zithunzi ndi mipando yamtengo wapatali yochokera ku France ndi ku Italy. Koma chuma chimene chinkaisunga chinkatuluka pansi pa nthaka, m'migodi ya malasha, ndipo pamene okumba anapitirira kufukula mpaka kunsi kwa maziko ake, nthaka inayamba kutitimira, makoma nang'ambika. M'chaka cha 1919 banjalo linagulitsa katundu wotsala, nilisamukira ku Dungavel, nyumba ya kumapiri imene kale ankangogonamo m'nyengo ya uzimba. Ndipo kuyambira 1921 amisiri anayamba kuigumula nyumba yaikuluyo mwala ndi mwala. Munthu amene tikufuna kunena za iye anaona zimenezi ndi maso ake ali mnyamata wa zaka zosakwana makumi awiri.

Douglas Douglas-Hamilton anabadwa ku London pa 3 Febuluwale 1903, ndipo masiku onse amene bambo wake anali ndi moyo ankatchedwa Marquess wa Clydesdale. Bambo wakeyo, Alfred, anali msilikali wa zombo zankhondo amene matenda a kumaiko otentha anamlemaza ziwalo asanalowe ufumu. Mayi wake, Nina, anali mkazi wa mtima wouma pa zimene anazikhulupirira, amene anatha moyo wake akumenyera nkhondo nyama kuti zisazunzidwe. Mwana wao anaphunzira ku Eton ndi ku Oxford monga anachitira ana onse a nyumba zotere, koma chimene chinamtchukitsa poyamba sichinali mabuku. Zinali nkhonya, pakuti anapambana mpikisano wa dziko lonse la Scotland pa gulu la amuna olemera mwapakatikati, namenyana m'maholo a ku Glasgow ndi ana a okumba malasha ndi a okhoma zombo, amene sanaone chifukwa chochepetsera dzanja poti mnzaoyo ndi mwana wa Duke. Zimanenedwanso kuti m'chaka cha 1935 anatsikira yekha mu mgodi wina wa banja lake, nagwira ntchito kwa kanthawi monga munthu wamba wotchedwa Hamilton. Ena adzati kumeneko kunali kusewera, popeza iye ankatha kutuluka tsiku lililonse limene wafuna, pamene anzake a pansiwo analibe kwina kopita. Ndipo atero ndithu. Koma tiyenera kukumbukira kuti ambiri a mtundu wake sanafikepo ngakhale pakhomo pa mgodi.

Masiku amenewo boma la Britain linali litakhazikitsa magulu a asilikali a ndege odzipereka okha, amuna amene mkati mwa sabata anali ndi ntchito zao, koma Loweruka ndi Lamulungu ankaphunzira kuulutsa ndege zankhondo. Gulu loyamba mwa onsewo linali la mzinda wa Glasgow, lodziwika ndi nambala ya 602, ndipo Clydesdale analowamo m'chaka cha 1927, nakhala mtsogoleri wake patapita zaka zochepa. Ang'ono ake atatu, George, Malcolm ndi David, onse anamtsata m'mwambamo, kotero kuti pofika nthawi ya nkhondo nyumba imodzi inali itatulutsa akuluakulu anayi a asilikali a ndege. Pakati pa zimenezi, mu 1930, anthu a East Renfrewshire anamsankha kukhala phungu wao ku Nyumba ya Malamulo ku Westminster, kumene anakhala zaka khumi. Ndipo ngati tinena zoona, palibe lamulo lalikulu kapena mau akuthwa amene dziko limamkumbukira nawo m'nyumbamo. Anali munthu wamanyazi, wosachedwa kutha mau, amene mtima wake unkakhazikika akakhala pa mpando wa ndege koposa pa benchi ya aphungu.

Tsono m'chaka cha 1932 kunabuka maganizo akuti ndege iuluke pamwamba pa phiri la Everest, lalitali koposa mapiri onse a dziko lapansi, limene msonga yake iposa mamita 8,800, ndipo limene mu 1924 linameza George Mallory ndi Andrew Irvine osabweza mbiri yao. Ndalama zake zinachokera kwa Lady Houston, mkazi wobadwira m'nyumba yosauka ku London, amene pa utsikana wake ankavina m'nyumba za zisudzo, nalemera kwambiri mwa maukwati ake, ndipo amene mu 1931 anapereka mapaundi 100,000 kuti Britain asatsalire pa mpikisano wa ndege zothamanga. Cholinga cha mayi ameneyu sichinali chobisika: anafuna kuti anthu a ku India, amene masiku amenewo anali kutsata Gandhi pofuna ufulu, aone ndi maso ao kuti Mngelezi akadali mwini mphamvu pansi ndi kumwamba komwe. Ulendowu tsono unali ndi nkhope ziwiri, ina ya akatswiri ofuna kujambula mapu ndi kuyesa injini, ina ya atsamunda ofuna kuopseza. Ndipo Amwenye, monga mbiri isonyeza, anayang'ana kumwamba, naona ndegezo, napitiriza kufuna ufulu wao mpaka anaulandira mu 1947.

Ndege ziwiri za kampani ya Westland, za mapiko awiri osanjikiza ndi injini imodzi ya Bristol Pegasus iliyonse, zinapakiridwa m'sitima mpaka ku Karachi, kumene zinalumikizidwa, niziuluka mpaka ku bwalo la Lalbalu pafupi ndi Purnea m'chigawo cha Bihar; ndipo olamula a dziko la Nepal, amene sankalola mzungu kulowa m'dziko lao mwachisawawa, anapereka chilolezo choti zidutse. Tiyenera kumvetsa kuti woyendetsa ndege zoterezi ankakhala pamtetete, mutu uli pamphepo. Kuti kumwambako mpweya uchepa kotero kuti munthu wopanda okosijeni akomoka m'mphindi zowerengeka. Ndi kuti kuzizira kwake kuumitsa mafuta ndi kuthyola filimu, chifukwa chake zovala za amunawo, magolovesi, magalasi a m'maso ndi makamera omwe zinalukidwa ndi mawaya a magetsi otenthetsa, munthu nakhala womangika ndi zingwe ndi mapaipi mbali zonse.

Mmawa wa pa 3 Epulo 1933 ananyamuka. Clydesdale anayendetsa ndege yoyamba, kumbuyo kwake kuli Colonel Stewart Blacker, amene ndiye anayambitsa ganizo lonselo. Yachiwiri anayendetsa David McIntyre, mnzake wa m'gulu la 602, ali ndi wojambula kanema Sidney Bonnett. Atatuluka m'fumbi limene linaphimba chigwa chonse, naona phirilo likufuka chipale kumsonga kwake chifukwa cha ukali wa mphepo, anayandikira kuchokera kummwera. Ndipo pamene anafika kumbali kumene mphepo itsikira itadumpha phiri, ndege zonse ziwiri zinakankhidwira pansi mamita mazanamazana m'kanthawi kochepa, kotero kuti msonga imene anali kuiona pansi pao inaima patsogolo pao ngati khoma. Panalibe malo otembenukira. Clydesdale anangolunjika, injini ili kulira ndi mphamvu yake yonse, kufikira mphepo ina yokwera inawanyamula, nadutsa pamwamba pa msongayo ndi mpata wa mamita ngati 30 okha, Blacker atatulutsa mutu ndi mapewa kunja, kamera ili m'manja. M'ndege inayo Bonnett anaponda paipi yake ya okosijeni niing'ambika. Anaimanga ndi mpango, najambulabe pang'ono, kenaka anagwa chikomokere pansi pa ndege, ndipo McIntyre anabwerera ulendo wonsewo osadziwa ngati wanyamula munthu kapena mtembo, kufikira atatsika kumene kuli mpweya, mnzakeyo nayamba kugwedezeka.

Zithunzi za mapu za tsiku limenelo sizinatuluke bwino chifukwa cha fumbi lija, ndipo akuluakulu a ku London, poopa ngozi, analetsa ulendo wachiwiri. Koma pa 19 Epulo, mtsogoleri wao Peregrine Fellowes atagona ndi malungo, anyamatawo anaulukanso mosamvera lamulo, nabwera ndi zithunzi zimene anazifuna. Kanema wa ulendowu, Wings over Everest, analandira mphotho ya Oscar mu 1936, ndipo panapita zaka makumi awiri kuti Tenzing Norgay ndi Edmund Hillary aponde ndi mapazi pamene awa anangodutsa ndi mapiko. Clydesdale ndi McIntyre, atabwerera kwao, anatsegula kampani ya Scottish Aviation ku Prestwick mu 1935, ndipo bwalo la ndege la kumeneko, losagwa nkhungu kawirikawiri, ndilo linadzakhala khomo lolandirira ndege zambirimbiri zochokera ku America m'masiku a nkhondo.

Pa zonse zimene munthuyu anachita m'moyo wake, ndi za pa phiri paja zimene tinganene kuti zinali zake za iye mwini, pakuti dzina linampezera ndalama ndi mpando wa kutsogolo, koma mphepo ya pa Everest sinafunse kuti bambo wake ndani. Komabe walira mvula walira matope: kutchuka kumene anatsika nako m'mwambamo ndiko kunamtsegulira makomo a ku Berlin.

M'chaka cha 1936 anapita kukaonera masewera a Olympic mumzinda umenewo pamodzi ndi aphungu ena, ndipo akuluakulu a chipani cha Nazi, amene ankakonda kwambiri mlendo wa dzina lalikulu wodziwanso ndege, anamlandira ndi madyerero. Hermann Göring analola kuti aonetsedwe ndege zankhondo za Germany, ndipo zimene anaziona anakazinena kwao. Kumeneko anadziwana ndi Albrecht Haushofer, mphunzitsi wa za maiko ndi ndale, mwana wa Karl Haushofer amene anali mphunzitsi ndi bwenzi la Rudolf Hess, wachiwiri wa Hitler m'chipani. Albrecht anali munthu wokhala pakati pa moto ndi madzi: mayi wake anali ndi magazi a Chiyuda, ndipo banja lonse linkapuma chifukwa cha chitetezo cha Hess, chotero ankatumikira boma limene mumtima ankanyansidwa nalo. Ubwenzi wake ndi Clydesdale unali weniweni. Anachezerana, nalemberana makalata, ndipo mu Julaye 1939 Albrecht analemba mobisa kuchenjeza kuti nkhondo ili pakhomo, Clydesdale naonetsa kalatayo kwa akuluakulu a boma ndi kwa Winston Churchill. Nkhondo itayamba, pa 6 Okutobala 1939, nyuzipepala ya The Times inasindikiza kalata ya Clydesdale, m'mene anavomereza kuti Hitler ayenera kugonjetsedwa, koma anaonjeza kuti Ajeremani analakwiridwa itatha nkhondo yoyamba, ndi kuti ayembekeza tsiku la mtendere ndi Germany wina wokhulupirika. Mau amenewa sanali a munthu wogulitsa dziko. Koma akuluakulu anati ukayenda siya phazi, ukasiya mlomo ukutsata, ndipo mlomo umenewu unamveka kutali.

Bambo wake anamwalira mu Malichi 1940, iye nalowa ufumu monga Duke wa nambala 14, nasiya mpando wa uphungu monga lamulo linkafunira, napatsidwanso udindo wa Lord Steward, kapitao wamkulu wa nyumba ya Mfumu George VI. Pa ntchito ya nkhondo anaikidwa kuyang'anira bwalo la Turnhouse pafupi ndi Edinburgh, ndi kuteteza thambo la chigawo chimenecho. Mu Seputembala chaka chomwecho Albrecht, motumidwa ndi Hess, anamlembera kalata yompempha kuti akakomane ku Lisbon. Kalatayo inagwidwa ndi ofufuza makalata a boma la Britain, niikhala m'maofesi a akazitape miyezi ingapo mwini wake asanaione. Ndipo ataiona, akuluakulu a zachinsinsi anamfunsa ngati angapite, iye nayankha kuti apita pokhapokha atalamulidwa, boma likudziwa. Nkhaniyo inali ikadali m'makalata pamene linafika Loweruka la pa 10 Meyi 1941.

Madzulo a tsiku limenelo Hess, atavala yunifomu ya kapitao wa ndege, ananyamuka yekha ku Augsburg m'ndege ya Messerschmitt 110, naoloka nyanja ya kumpoto, nalowa m'dziko la Britain kutada. Alonda oyang'ana kumwamba anaizindikira ndegeyo, natumiza mau. Koma m'zipinda zolamulira ambiri anakayika, poti ndege ya mtundu umenewo sikanakhala ndi mafuta obwerera nayo kwao itafika kutali chotero, ndipo sanaganize kuti pangakhale munthu wobwera wosafuna kubwerera. Hess anafuna Dungavel, kumene kunali kabwalo kakang'ono ka ndege ka banja la Hamilton. Mumdimawo anaiphonya, mafuta natha, nalumpha ndi parachuti, nagwera m'munda wa pa Floors Farm pafupi ndi mudzi wa Eaglesham, makilomita ngati 20 kuchokera kumene ankapita, atabinya kakolo. Amene anamtola anali David McLean, wantchito wolima ndi pulawo pa famupo, amene anamgwiriziza mpaka kukanyumba kake, mayi wake wokalamba nafunsa mlendoyo ngati angamwe tiyi. Iye anapempha madzi. Anati dzina lake ndi Alfred Horn, ndi kuti ali ndi uthenga wofunika kwa Duke wa Hamilton. M'matumba mwake munapezeka zithunzi za iye ndi kamwana kake, makadi a maina a Haushofer bambo ndi mwana, ndi timabotolo tambiri ta mankhwala. Usiku womwewo ndege za Ajeremani zinali kugwetsa mabomba pa London koposa masiku onse, anthu oposa 1,000 nafa, ndipo chipinda chimene aphungu ankakhalamo, chomwe Hamilton anakhalamo zaka khumi, chinapsa ndi moto.

Mmawa wa Lamulungu Hamilton anapita ku nyumba za asilikali za Maryhill ku Glasgow, kumene wandendeyo anagonekedwa, ndipo atatsala awiri m'chipinda, munthuyo anadziulula kuti ndiye Rudolf Hess, nati anaonana ku Berlin, nati wadza ndi mtendere. Hamilton sanakumbukire kuti anaonanapo, ndipo anakana zimenezo mpaka imfa yake. Sanamlonjeze kanthu, koma anatuluka, nafunafuna lamya yofikira kwa Nduna Yaikulu, nakwera ndege ya Hurricane kunka kummwera, nafika usiku ku Ditchley Park pafupi ndi Oxford, kumene Churchill anali kugona masiku amene mwezi uwala kwambiri. Churchill anamvetsera mosakhulupirira, ndipo mbiri imati ananena kuti kaya ndi Hess kaya si Hess, iye ayamba waonera kanema wa zoseketsa wa Marx Brothers amene anali atakonzedwa. Ndipo kanemayo atatha, pakati pa usiku, anampanikiza Hamilton ndi mafunso kwa maola angapo. Pambuyo pake Ivone Kirkpatrick, amene anagwirapo ntchito ku ofesi ya kazembe ku Berlin, anapita naye ku Scotland, natsimikiza kuti munthuyo ndi Hess ndithu. Wailesi ya Germany nayo inali italengeza kale kuti wachiwiri wa Hitler wasokonekera mutu.

Mtendere umene Hess anabwera nao unali wotere: Germany achite zimene afuna mu Europe, Britain asunge maiko ake a kutsidya kwa nyanja, koma abweze aja amene analandidwa kwa Ajeremani itatha nkhondo yoyamba, ndipo zokambiranazo zichitike ndi boma lina, losakhala la Churchill. Ife a kuno sitingawerenge zimenezi monga nkhani ya kutali, pakuti mwa maiko obwezedwawo munali Tanganyika, kutsidya kwa Songwe, kumene kunachokera asilikali amene anathira nkhondo pa Karonga mu 1914. Ndipo mwa onse amene anakamba za kubweza maiko a Afirika m'zaka zimenezo, ku Berlin ngakhale ku London, palibe amene anaganiza zofunsa eni nthaka.

Koma chimene chimdabwitsa munthu wolingalira bwino ndi ichi, kuti Hess, amene anakonza ulendo wake mwanzeru chotero, naphunzira mapu mpaka kuwaloweza, nauluka yekha usiku mtunda woposa makilomita 1,000 osasokera koma pang'ono pokha, analakwa kotheratu pa chinthu chimene mwana wa sukulu wa ku Glasgow akanamuuza. Iye anakhulupirira kuti Duke woyamba wa Scotland, kapitao wa nyumba ya mfumu, angathe kulowa kwa George VI, namnong'oneza m'khutu, mfumuyo nichotsa Churchill ndi kuika nduna zokonda mtendere. Britain wotereyo anali atatha kalekale. Kuyambira 1911 Nyumba ya Mafumu obadwa inalandidwa mphamvu yokaniza malamulo a aphungu osankhidwa, niitsala ndi yongochedwetsa. Mfumu inkasaina zimene nduna zaipatsa. Ndipo ntchito ya Lord Steward inali yoimirira pa madyerero a boma ndi kutchula maina a alendo. Hamilton weniweni anali msilikali wa ndege wokhala pansi pa akulu ake, amene ena mwa iwo makolo ao analibe dzina lililonse, ndipo chimene anachita ndi uthenga wa mlendo wake ndicho chimene msilikali aliyense akanachita, kukaupereka kwa woulamulira. Patapita masabata asanu ndi limodzi, pa 22 Juni, Hitler anathira nkhondo pa Russia, ndipo anthu anamvetsa chifukwa chake Hess anali ndi changu chotseka nkhondo ya kumadzulo.

Mutu ukakula sulewa nkhonya. Popeza boma la Churchill linasankha kukhala chete pa zimene Hess ananena, anthu anadzaza mpatawo ndi manong'onong'o: kuti mdani sangatchule dzina la munthu popanda pangano, kuti ku Dungavel kunayatsidwa nyali, kuti mabwana a minda ikuluikulu anali okonzeka kugwirana chanza ndi Hitler kuti asunge chuma chao. Ndipo kukayikako sikunali kopanda pogwira, chifukwa m'zaka za m'ma 1930 analipodi ena a maina akuluakulu amene anamtamanda Hitler poyera. Pa 22 Meyi nduna ya za ndege, Sir Archibald Sinclair, inauza Nyumba ya Malamulo kuti Duke sanalakwe kanthu, ndi kuti anachita zonse mwaulemu ndi moyenera. Koma chipani cha Komyunisiti chinafalitsa kapepala komnena kuti ndi bwenzi la Hess, iye nakasuma ku khoti, ndipo mu 1942 Harry Pollitt ndi anzake anabweza mau ao napepesa. Stalin sanakhutire konse, ndipo mpaka mu 1944, Churchill ali ku Moscow, ankanenabe kuti akazitape a Britain ndiwo anamkopa Hess. Mabuku onena za chiwembu akulembedwabe mpaka lero; koma makalata a boma amene anatsegulidwa m'zaka za m'ma 1990 sanaonetse kuti Hamilton ankadziwa za kubwera kwa mlendo wake.

Ambiri mwa ena a m'nkhaniyi mathero ao anali owawa. David, mng'ono wotsiriza, amene anatsogolera gulu la ndege za Spitfire pa chisumbu cha Malta, anafa mu 1944 ndege yake itagwa pobwera kokazonda adani. Albrecht Haushofer anagwidwa chifukwa cha chiwembu chofuna kupha Hitler, naomberedwa ndi asilikali a chipani cha Nazi otchedwa SS ku Berlin mu Epulo 1945, kutatsala masiku ochepa kuti mzindawo ugwe. Hess anaweruzidwa ku Nuremberg kukhala m'ndende moyo wake wonse, ndipo kuyambira 1966 anatsala yekha m'ndende yonse ya Spandau kufikira imfa yake mu 1987, ali ndi zaka 93. Malcolm, amene anakhala phungu wa Inverness, anafa pa ngozi ya ndege ku Cameroon mu 1964. George yekha ndiye anakwera pa ndale mpaka kukhala nduna yoyang'anira zombo zankhondo.

Hamilton mwini wake anakhala zaka zake zotsala m'maudindo aulemu. Anagula nyumba ya Lennoxlove kummawa kwa Edinburgh, nagulitsa Dungavel kwa bungwe la boma la malasha, imene pambuyo pake inasanduka ndende, ndipo lero ndi malo osungirako anthu a maiko ena oyembekeza kubwezedwa kwao. Anali Chansala wa yunivesite ya St Andrews kuyambira 1948, ndipo kanayi, mu 1953, 1954, 1955 ndi 1958, anaimira Mfumukazi Elizabeth pa Msonkhano Waukulu wa Mpingo wa Scotland, mayi wa Sinodi ya Blantyre ndi ya Livingstonia. Woimira mfumu pa msonkhano umenewo akhala pa mpando wake wokwezeka kuseri kwa wapampando, kunja kwa bwalo la aphungu, ndipo alibe voti, pakuti mpingowo suvomereza mutu wina koma Khristu. Zimenezo ndizo zaka za chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, pamene abusa ndi akulu a mpingo, ambiri a iwo ana a alimi ndi a amisiri, ankaimirira kunena madandaulo a anthu a Nyasaland, ndipo msonkhano wa 1958 unakhazikitsa komiti yapadera yoona za Central Africa, motsogozedwa ndi Mbusa George MacLeod. Duke anatsegula msonkhanowo ndi mau aulemu, nachereza alendo ku nyumba yachifumu ya Holyroodhouse imene banja lake ndilo liisunga, nasiya zogamula kwa eni ake.

Anamwalira ku Edinburgh pa 30 Malichi 1973, patangopita zaka ziwiri mwana wake wachiwiri, James, atasindikiza buku la Motive for a Mission lolongosola nkhani ya Hess kuchokera m'makalata a bambo wake. Mwana woyamba, Angus, amenenso anali woyendetsa ndege zankhondo, ndiye analowa ufumu. Ndipo pa 1 Julaye 1999, potsegula Nyumba ya Malamulo yatsopano ya Scotland, iyeyo anayenda patsogolo pa Mfumukazi atanyamula chisoti chachifumu cha dzikolo pa katsamiro, monga bambo wake anachitira ku tchalitchi cha St Giles mu 1953. Mu Novembala chaka chomwecho aphungu a ku Westminster anakhazikitsa lamulo lochotsa mafumu obadwa m'nyumba yao ya malamulo, kusiyamo 92 okha, ndipo Duke wa Hamilton anali mmodzi wa otulukawo.